Nabobini Alowetsa Thiraki Pabalaza

Pakhonde la nyumba yogundana ndi ya wowotcherera zitsulo pankakhala makina osokera akuda, ndipo kuseri kwa makinawo kunkakhala mayi wamfupi wa magalasi omanga ndi ulusi, amene msewu wonse unkamutchula kuti Nabobini. Dzinali analipeza chifukwa cha matumba ake. Akapisa kuti atulutse kiyi, inkatuluka bobini, kokulungira ulusi wa makina. Akapisa kuti atulutse foni, bobini inkagwa n'kugubuduka mpaka m'ngalande. Iye sankakwiya nalo dzinalo. Ankasoka mayunifomu a sukulu, kuchepetsa mathalauza, kuika zipi, ndipo makina akayamba kudumpha ulusi ankawamasula yekha ndi nsonga ya sizasi. M'nyumba monsemo chinthu chimene ankachiopa chinali chimodzi: kompyuta yakale ya mwana wake, imene inakhala pakona pabalaza itafundidwa nsalu. Ankaipukuta fumbi pamwamba pokha, ngati mmene munthu amasisitira galu wa eni.

Mwamuna wake anali dalaivala wa thiraki, wa maulendo ataliatali odutsa malire. Ukwati wawo, kunena zoona, unali wa pafoni. Bamboyo ankafika akununkha dizilo, kugona ngati chipika, kudzuka, kukonza chitseko chomwe chinalibe vuto, n'kunyamukanso. Koma akakhala pamsewu pakamwa sipankatseka. Akaima penapake ankajambula kanema n'kutumiza. “Amayi, taonani phiri ili, thiraki yakwera ikulira ngati yaferedwa.” Tsiku lina: “Amayi, uyu ndi mnzanga, akuti mumusokere malaya, koma mimba yakeyi ikufuna nsalu ya tenti.” Nabobini ankaonera uku akupalasa makina, n'kumaseka yekha. Foni ikadzaza, mwana wawo, mtsikana mmodzi yekhayo, ankasamutsira makanemawo mu kompyuta. Kenaka mtsikanayo anapita kutali kukaphunzira unamwino, kompyuta n'kufundidwa.

Sitiroko inawapeza bamboyo ali pamwamba pa katundu, akukoka chingwe cha tenti. Anzawo ndi amene anawatsitsa. Potuluka m'chipatala anabwera ndi mkono wamanja wolendewera, mwendo wokoka ndi pakamwa popotoka. Mawu ankatuluka ngati akuzulidwa m'matope, ndipo tsiku lina mlendo atawabwerezetsa mobwerezabwereza kuti “mwati bwanji?”, anangosiyiratu kulankhula. Ankakhala pampando pabalaza maso ali kukhoma. Kampira kofinya kamene anawapatsa kuchipatala anakaponya kuseri kwa kabati ndi dzanja labwinolo.

Chikwatiranire, aka kanali koyamba kuti awiriwa akhale m'nyumba imodzi tsiku ndi tsiku, ndipo Nabobini anazindikira kuti munthu wa pafoni uja ankamudziwa bwino kuposa wa pampandoyu.

Nzeru ya gemu inachokera kwa mayi wa mafizo, wothandiza odwala kulimbitsa ziwalo kuchipatala, amene anamukokera pambali tsiku lina bamboyo atakana kutambasula chala ngakhale chimodzi.

“Dzanja lili ngati mwini wake, ntchito yomwe silikuifuna siligwira,” anatero mayiyo. “Pali gemu ya pa kompyuta yoyendetsa thiraki. Imakhala ndi chiwongolero chenicheni ndi zopondera pansi. Sindikulonjeza kanthu. Koma munthu amene wakulira pa chiwongolero, mwina manja angakumbuke.”

Nabobini anathokoza, nkhaniyo n'kuisunga mumtima. Akanaisunga mpaka mwana atabwera pa holide, pakanapanda achemwali awo a bamboyo.

Alamu akewo anali mayi wamtali, wolankhula chiimire ngakhale mpando ulipo. Mlongo wawoyu anamulera okha makolo atamwalira, ndipo zimenezi sankaziiwala, komanso sankalola kuti wina aziiwale. Anafika pakati pa sabata. Anayang'ana wodwalayo, anayang'ana mulu wa mayunifomu pakhonde, n'kupukusa mutu.

“Mlamu, munthuyu akutha. Inu tsiku lonse gwedegwede pa makina, iye ali yekha ngati katundu woiwalika pa depoti. Lamlungu tibwera ndi galimoto, akakhale kwathu. Kumeneko kuli anthu.”

“Kumeneko kulibe mafizo, alamu.”

“Kuno alipo. Ndiye achita chiyani?”

Nabobini anayang'ana mwamuna wake kuti mwina apukusa mutu, koma maso awo sanachoke kukhoma. Ankadziwa zimene zikachitike kwa alamu. Akawagoneka pabedi, kuwasambitsa, kuwadyetsa ndi supuni, kuwamvera chisoni mpaka dzanja liume ngati nkhuni. Sanali anthu oipa ayi, ndipo n'zimene zinkamuopsa kwambiri.

Lachisanu anapempha mkazi wa wowotcherera kuti azitchera khutu kunyumbako, iye n'kuthamangira ku mashopu a mafoni. Kashopu ka magemu kanapanikizika pakati pa ometa ndi ogulitsa matchaja, kotentha, konunkha pulasitiki wopserera. Mwini wake anali bambo wonenepa wa imvi m'ndevu, wotchedwa Mawaya, amene pakati pa mashelufu ankadutsa cham'mbali ngati nkhanu. Anamvetsera nkhani yonse osamudula.

“Kompyuta yake ndi yamtundu wanji?”

“Yakuda.”

Mawaya anapumira m'mwamba. Nabobini anakumbuka, n'kumuonetsa pafoni chithunzi cha zolembedwa pa bokosi la kompyutayo, chimene mwana anamuuza kuti ajambule.

“Ndi nkhalamba, koma ikoka. Ibweretseni ndikuikireni.”

“Andinyamulira ndani, nanga bambo ndiwasiyira ndani? Ingondiphunzitsani.”

Mawaya anamuyang'ana kwa kanthawi, kenaka anakoka mpando. Anakopera gemu mu fulashi, kachinthu kosaposa chala, n'kuyamba kufotokoza pang'onopang'ono.

“Fulashi iyi mukaibaye pa bokosi, pabowo pomwe ikukwana. Musakakakamize. Pa sikirini pabwera foda yachikasu. Mukaitsegula mupeza mafayilo ambirimbiri, amenewo osawakhudza. Mufune aka ka chithunzi cha thiraki, mukadine kawiri msangamsanga. Ikakufunsani funso, dinani batani lovomera. Kenaka pabwera kamzere kobiriwira kakuyenda. Pamenepo ndi kudikira basi. Koma magetsi asazime kamzereko kasanafike kumapeto. Gemu yokha mutha kuiyambiranso, koma nkhalamba yanuyo ikazimira pakati pa ntchito yolemetsa, mwina osadzukanso.”

Anamuyeseza pa kompyuta ya m'shopumo mpaka mausi itasiya kumuthawa m'manja. Anamuonetsanso kusamutsa fayilo ndi kufufuta. Pomaliza anawerama movutikira n'kutulutsa chiwongolero chakuda pansi pa tebulo, ndi zopondera zake.

“Ichi ana anachithyola giya, koma kukhota chimakhota, buleki imagwira. Mudzachibweze dalaivala wanuyo akadzatopa nacho.”

Loweruka m'mawa Nabobini sanatulutse makina pakhonde. Anavundukula kompyuta, anakokera tebulo pafupi ndi mpando wa bamboyo, anamangirira chiwongolero m'mphepete mwake. Bamboyo anatembenuza maso pang'ono, n'kuwabwezeranso kukhoma.

“Musandiyang'ane, ndikuphunzira,” anatero Nabobini, ngakhale panalibe womuyang'ana.

Bokosi linadzuka likulira ngati munthu wa chifuwa. Fulashi inakana mbali yoyamba, inalowa ataitembenuza. Foda yachikasu inabwera monga ananenera Mawaya, ndipo kathiraki kanali pomwepo. Anadina kawiri. Anavomera funso loyamba, anavomera lachiwiri. M'malo mwa mzere wobiriwira, panatumphuka kabokosi ka chizindikiro chofiira. Anakankhira magalasi pamphuno, n'kuwerenga liwu ndi liwu. Malo mu kompyuta sankakwana.

Foni ya Mawaya inaitana mpaka kuduka. Nabobini anaimbira mwana wake, amene anayankha monong'ona ali pakhonde la wodi.

“Amayi, mukuti mwayatsa kompyuta? Nokha?”

“Usandichedwetse. Ikuti mulibe malo.”

“Ndi makanema a adadi aja, ndi amene anadzaza. Musawafufute, amayi, chonde. Kulibe kwina komwe ali. Dikirani ndidzabwere ndi chosungira china.”

“Azakhali ako akubwera mawa.”

Mtsikanayo anati, “Asamutsireni mu fulashimo.”

Anayesa. Fulashi inali yodzaza kale ndi gemu. Inangolandira timakanema tochepa, n'kukana.

“Sisita akundiitana. Amayi, mwamva? Musafufute.”

Foni inaduka. Nabobini anayang'ana mzere wa makanema pa sikirini, tizithunzi ting'onoting'ono ta misewu, mapiri, mathiraki ofoletsa pamalire. Anaganiza kuti atsegule amodzi, aone ngati pali opanda pake oti n'kuchotsa. Sanadziwe kuti masipika anasiyidwa otsegula kwambiri.

“Amayi, mwadzuka? Kuno mvula yagwa osapuma, tagona pamzere. Mnzanga uyu akuliza mkonono ngati injini yopanda oilo, tamverani…”

Mawu aja anadzaza balaza, athunthu, osalala, kenaka phwete la kuseka. Kumbuyo kwake mpando unalira. Nabobini anagwira mausi kuti atseke, mausi inathawa, kanema wina anatseguka pamwamba pa woyambayo, amuna awiri a mawu amodzi n'kumalankhula pamodzi. Anagwada n'kuzula waya wa masipika.

Atatembenuka anapeza bamboyo akumuyang'ana. Tsaya limodzi linali lonyowa. Milomo inkalimbana ndi liwu.

“Fu… futa.”

Linali liwu loyamba patapita masabata.

“Bambo, mwana wakana.”

“Fufuta. Wa… fa… ameneyo.”

“Sanafe. Ali pampando apa, akundilamula ngati kale.”

Bamboyo anamenya mkono wa mpando ndi dzanja lamanzere, mwamphamvu, mpaka ndodo yawo yoyendera inagwa.

Nabobini anatola ndodoyo. Akanatha kuthamangira ku mashopu kukafuna fulashi ina, koma mkazi wa wowotcherera anali atapita kumsika, ndipo munthu amene wangonena kumene kuti anafa sumusiya yekha m'nyumba muli botolo la mankhwala pa tebulo. Anaganiza zodikira mayiyo abwere, popeza tsiku linali likadalipo. Ali mkati moganiza choncho foni inanjenjemera m'thumba. Unali uthenga wa alamu: mawa galimoto ili ndi ntchito, tikubwera lero masana, mulongedze.

Anakhala pansi. Anasankha makanema onse monga anamuonetsera Mawaya, mzere wonse n'kusanduka wabuluu. Kompyuta inamufunsa ngati akutsimikiza. Chala chinakhala m'mwamba nthawi yaitali. Anadina. Anapita pa kabini ka zinyalala ka pakona pa sikirini n'kukakhuthula, chifukwa anauzidwa kuti popanda kutero malo sabwerera. Za timakanema tomwe tinalowa mu fulashi tija sanawauze bamboyo.

Anadinanso kathiraki. Ulendo uno mzere wobiriwira unabwera, kadontho chabe kumanzere, n'kuyamba kukwawa.

Unali utangodutsa pakati pamene sikirini inaphethira. Bokosi linabuula, kenaka linabwerera mwakale. Inaphethiranso. Kunja kunamveka kuthetheka kwa chitsulo. Nabobini anazindikira: nyumba ziwirizi zinkadya magetsi pa waya mmodzi, ndipo wowotcherera akangogunditsa ndodo yake yowotcherera pachitsulo, magetsi a kwa Nabobini ankagwada. Anatuluka wopanda nsapato.

“Aneba, tazimitsani kaye.”

Wowotchererayo anakweza chotchinga kumaso. “Geti ili mwini wake akulifuna lero, mayi.”

“Ndikupemphani. Ovolosi yanu yong'ambika kumbuyo iyo ndikusokerani, musamaonetsenso msewu wonse zomwe sunapemphe.”

Wowotchererayo anapapasa kumbuyo kwake, n'kupeza kuti n'zoona.

“Mpaka liti?”

“Mpaka mzere wobiriwira ufike.”

Sanamve tanthauzo lake, koma anaona nkhope ya mayiyo ndi mapazi opanda nsapato. Anazimitsa makina ake, n'kumutsatira, kukaima pa windo la balaza kuti auone mzerewo ndi maso ake.

Mzere unakwawa. Pafupi ndi kumapeto unaima. Nabobini anaika chikhadabo pa sikirini pomwe unathera kuti aone ngati ukusuntha. Sunkasuntha. Kanyale ka pa bokosi kankangophethira kofiira.

“Wafa?” anafunsa wowotcherera ali pa windo.

“Musalankhule.”

Anafuna kudina penapake, kugwedeza bokosi, kuchita chilichonse. Anapinda manja m'khwapa kuti asakhudze. Galimoto iliyonse yodutsa mumsewu inkamudula mtima. Kenaka mzere unalumpha kamodzi n'kufika, kabokosi n'kunena kuti zatheka.

Anabwezera waya wa masipika, anabaya waya wa chiwongolero. Chiwongolero chinangoti zii. Anachipotoza uku ndi uku, pa sikirini osasintha kanthu, kupatula uthenga wina wachingerezi pakona. Mwamwayi ulendo uno Mawaya anayankha. Nabobini anamuwerengera uthengawo.

“Aa, ikufuna dalaiva.”

“Dalaivala ndi uyu wakhala apa.”

“Ayi, mayi, dalaiva wa chiwongolero. Ndi kapulogalamu kouza kompyuta kuti chimene mwabayacho n'chiyani. Ndinaiwala kukuikirani, pepani. Muli ndi bandulo? Ndikutumizirani pafoni, mukadawunilode. Kakamaliza mulumikize foni ku bokosi ndi chingwe chotchajira, mukasamutse, mukadine kawiri ngati muja.”

M'balazamo netiweki inali yofooka, kanthuko kankazungulira malo amodzi. Pakhonde kanayamba kuyenda pang'ono. Atakwera pa sitululu ya makina n'kukweza foni m'mwamba, kanayenda bwino. Umo ndi mmene alamu ake anamupezera, galimoto ya matabwa itaima pa geti: ali pa sitululu, wopanda nsapato, mkono uli kumwamba.

“Mlamu, mwayamba kupemphera ndi foni?”

“Lowani, alamu, ndikubwera.”

Alamuwo analowa, pambuyo pawo pakubwera mwamuna wawo, wogulitsa matabwa, munthu wofatsa amene pa ukwati wonse anazolowera kuyenda kumbuyo. Nabobini anamva mawu akukwera m'nyumba, koma sanatsike mpaka foni itanena kuti yamaliza.

Anapeza alamu ataima pafupi ndi tebulo, akuloza chiwongolero ndi chala ngati chinthu chonunkha.

“N'chiyani ichi?”

“Ndi mafizo, alamu. Anena ndi a kuchipatala.”

“Mafizo? Munthu wamkulu, woyendetsa thiraki yeniyeni kudutsa mayiko, mwamufunira chidole? Ndinati mulongedze. Chikwama chili kuti?”

“Chili pamwamba pa kabati kuchipinda. Yambani kulongedza, ine ndimalize.”

Sanakhulupirire kuti mawuwo atuluka pakamwa pake. Alamu nawo sanakhulupirire. Anamuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, n'kulowa kuchipinda, ndipo posakhalitsa madirowa anayamba kutsegulidwa mwaphokoso. Mkazi wina akutsegula madirowa a kuchipinda kwako, zimawawa. Nabobini analuma mano. Analumikiza foni, anapeza fayilo, anaisamutsa, anadina kawiri, anavomera. Kompyuta inati ikufuna kuzima n'kuyakanso. Za zimenezi Mawaya sananene. Anavomera, sikirini n'kuda bii.

Inakhala yakuda. Mu galasi lakudalo Nabobini ankaona nkhope yake, ndi ya wowotcherera pa windo, ndi ya wogulitsa matabwa amene anakhala m'mphepete mwa sofa chipewa chili pabondo. Kuchipinda zipi ya chikwama inalira.

Bokosi linatsokomola, sikirini inayera. Kenaka chiwongolero chinapotoka chokha, kumanzere mpaka kumapeto, kumanja mpaka kumapeto, n'kuima pakati. Wogulitsa matabwa anakweza mapazi. Wowotcherera anabwerera m'mbuyo.

Nabobini anadina kathiraki katsopano kamene kanaoneka pa sikirini. Panabwera bwalo la depoti, makontena, geti patsogolo, ndi galasi la thiraki ngati munthu wakhala pampando wa dalaivala. Injini inaguguda m'masipika, phokoso lolemera la dizilo.

Mutu wa bamboyo unachoka kukhoma.

Nabobini anakankhira tebulo pafupi, anaika zopondera pamapazi awo. Dzanja lamanzere la bamboyo linakwera lokha n'kugwira chiwongolero. Iye ananyamula lamanja n'kuliika mbali inayo. Linatsetsereka n'kugwera pantchafu. Analiikanso, linagwanso. Bamboyo anaponda ndi phazi lamanzere, losazolowera moto. Thiraki inalumpha, inakhotera mbali imodzi, n'kukaomba chipupa cha geti. Galasi la pa sikirini linang'aluka.

“Iyambiranso, bambo, sizikutha,” anatero Nabobini.

Anayambiranso. Thiraki inatuluka pa geti, koma pokhota dzanja limodzi linalephera kubweza chiwongolero, n'kukagona m'ngalande matayala ali m'mwamba.

“Mwaona?” Alamu anali pakhomo la chipinda, malaya ali pamkono. Mawu awo sanalinso okwera. “Mukumuvula pamaso pa anthu, mlamu. Si zokwanira zomwe waona kale?”

Wowotcherera anachoka pa windo mwakachetechete. Bamboyo anakankha chiwongolero, tebulo n'kusuntha. Anafufuza ndodo, anadzuka movutikira, n'kuyang'ana mchemwali wawo.

“Ti… yeni.”

Nabobini anayang'ana kabini kopanda kanthu pakona ya sikirini, n'kuchotsapo maso msanga. Panalibenso cholimbana nacho. Anatenga botolo la mankhwala pa tebulo, analowa kuchipinda ndi alamu, n'kuyamba kuwafotokozera: awa ndi a m'mawa, awa asamwe asanadye, mkonowu muziutsamiritsa pa pilo pogona, mabatani musamawamangire onse, ena azivutika nawo okha. Alamu ankamvetsera mwachidwi, ndipo anafunsanso za pilo. Akazi awiriwo anapinda malaya pamodzi osayang'anana.

Pabalaza injini inali ikugugudabe. Wogulitsa matabwa, amene moyo wake wonse anayendetsa kagalimoto kake kokha, anayang'ana kuchipinda, anayang'ana chiwongolero, n'kusendera pampando uja kuti angoyesa. Anadina apa ndi apo, gemu n'kumupatsa ntchito yobweza thiraki cham'mbuyo kuti thirela ilowe pakati pa makontena awiri. Anapotozera kumanja, thirela inapita kumanzere. Anapotoza kwambiri, thirela inapindika n'kudzaluma mutu wa thiraki.

Kuchipinda anamva kubuula. Nabobini anaganiza kuti bamboyo agwa, koma kunatsatira mawu.

“Ku… manzere.”

Phokoso la chitsulo kuombana.

“Kumanzere, mlamu. Thirela… imapita… kwina.”

Kuombananso.

“Mbuzi.”

Akazi aja anatulukira limodzi. Bamboyo anali ataima kumbuyo kwa mpando, atatsamira ndodo ndi dzanja lamanzere, khosi litatuluka mitsempha. Wogulitsa matabwa ankatuluka thukuta, akupotozanso kolakwika. Kusiya ndodo kukanakhala kugwa. Phewa lamanja linakwera, chigongono chinanjenjemera, mkono wolendewera uja unayenda pang'onopang'ono mpaka unakagwera pamwamba pa chiwongolero. Zala sizinagwire. Anangokankha ndi pamfundo pa dzanja. Chiwongolero chinasuntha, thirela inayamba kuwongoka, inabwerera bwino kamtunda, kenaka inakhula kontena ndi ngodya.

“Dzuka,” anatero bamboyo.

Wogulitsa matabwa anadzuka msanga. Bamboyo anadziponya pampando, anatenga dzanja lamanja ndi lamanzere, n'kulikoleka okha pa chiwongolero. Linagwa. Analikolekanso.

Nabobini sanasunthe. Ankaopa kuti akangopuma mokweza, zonse zitha.

“Iwe, tiye,” anatero alamu. “Galimoto ikudikira.”

“Idi… kire.”

Inadikira. Alamu anaima ndi chikwama m'manja mpaka mkono unatopa, anachiika pansi. Thirela inaomba kontena lakumanja, inaomba lakumanzere, inapindika, inayambiranso. Dzuwa litapendeka alamu analankhulanso, ndipo bamboyo osachotsa maso pa sikirini anati, “Pitani… achemwali. Ndili… pa ntchito.”

Alamu anatuluka osatsanzika. Pa geti anatembenuka n'kuuza Nabobini kuti munthuyo akadzagwa, asadzawaimbire. Misozi inali m'maso. Mwamuna wawo anatsalira pang'ono, n'kufunsa monong'ona ngati gemuyo ingalowe mu kompyuta ya ku ofesi ya matabwa. Hutala inalira, anathamanga.

Tsiku limenelo thirela sinalowe pakati pa makontena. Inalowa sabata yotsatira.

Bamboyo sanachire monga amachirira anthu a m'nkhani. Thiraki yeniyeni sanaikwerenso. Dzanja lamanja linafika pogwira kapu ndi kukanikiza nsalu Nabobini akamadula, koma batani linawakanika mpaka kalekale. Mawu anabwerera pang'onopang'ono, ndipo oyamba kubwerera bwinobwino anali otukwana madalaivala a mu gemu. Masiku ena ankakana kuyatsa kompyuta n'kubwerera kukhoma, Nabobini n'kuwasiya. Alamu anakhala miyezi osaponda pakhomopo, ngakhale mwamuna wawo anayamba kupeza zifukwa zodutsira mumsewuwo Loweruka lililonse.

Mwana atabwera pa holide, asanavule n'komwe nsapato, anakhala pa kompyuta kufufuza. Ananyamula bokosi lonse kupita nalo kwa Mawaya. Mawaya anayesa tsiku lathunthu, n'kunena kuti gemu inakhala pamwamba pa makanemawo, palibe chobweza. Anatsala ndi timakanema ta mu fulashi tija: tina ta mvula pa galasi, kena ka bamboyo akudandaula za tayala.

Madzulo ake mtsikanayo anakhala pa sitepe ya khonde, nsana atalozetsa kwa mayi ake.

“Ndinakuuzani kuti musafufute.”

“Unandiuza.”

“Munali kakanema ka tsiku lomwe ndinakhoza mayeso. Anaimitsa thiraki pamsewu n'kundiimbira nyimbo. Mukanadikira, amayi.”

Nabobini anaimitsa makina. Kameneko ankakakumbuka bwino, ndipo tsiku lija anakaona pa mzere wabuluu uja asanadine.

“Mwina ndikanadikira,” anatero. “Sindikudziwa.”

Awiriwo anakhala choncho, wina akuyang'ana msewu, wina kolala ya yunifomu. M'nyumba injini inazima.

“Namwino,” anaitana bamboyo. “Bwera… ndilibe wondi… yang'anira kumbuyo.”

Mtsikanayo anapukuta m'maso ndi chikhatho, anakhalabe pang'ono, kenaka anadzuka n'kulowa. Nabobini anamva mpando wina ukukokedwa pabalaza. Anatembenuza kolala ija, anapeza kuti waisoka chagada, n'kuyamba kusomola ulusi.